MAJETE: NKHALANGO IMENE INAFA N'KUDZUKA

Anzanga amene tinaphunzira limodzi kuno ku Mwanza, ambiri a ife tinasamba mu Mkulumadzi osadziwa kumene madzi ake amathera. Mtsinjewu umakathira mu Shire m'kati mwa nkhalango yamapiri ya Majete, kumtunda kwa mathithi a Kapichira, pamene David Livingstone analephera kupitirira ndi sitima yake m'chaka cha 1859.

Boma la atsamunda linakhazikitsa Majete kukhala malo osungirako nyama m'chaka cha 1955. M'chaka cha 1969 malire ake anafutukuka kufika ku Shire ndi Mkulumadzi, kuti nyama zizipeza madzi m'chilimwe. Koma lamulo lokha silinateteze nyamazo. Opha nyama mozemba analowamo ndi mfuti ndi misampha, ndipo pofika 1992 njovu zonse zinali zitatha.

M'chaka cha 2003 boma linagwirizana ndi bungwe la African Parks kuti liziyang'anira Majete. Anamanga mpanda, nalemba ntchito anthu a m'midzi yozungulira. Chaka chomwecho anabweretsa zipembere, njovu mu 2006, ndipo mikango mu 2012. Njovuzo zinaswana kwambiri, mwakuti mu 2017 zina zinasamutsidwira ku Nkhotakota.

Nyama zikatha, amakatenga zina pa lole, koma mtengo waukulu sautenga pa lole. Matumba a makala amene timawaona m'mbali mwa msewu wa ku Blantyre ndi mitengo yathu yomwe. Tikalekerera, kodi nkhalango ya Thambani adzatibwezera ndani?