Harry Oppenheimer ndi Migodi ya ku Joni

A Harry Oppenheimer, amene anabadwa mu 1908 namwalira mu 2000, analowa m'malo mwa bambo awo, a Ernest, mu 1957 potsogolera makampani a Anglo American ndi De Beers. Chuma chawo chinachokera ku golide, dayamondi ndi mkuwa wa ku Nchanga. Ankadzudzula poyera ulamuliro wa tsankho, komatu migodi yawo inkadalira antchito ochokera kutali, olipidwa mochepa. Ena mwa iwo anali agogo athu, olembedwa ndi Wenela, ogona m'makomponi pamene akazi awo ankalima okha kumudzi. Mu 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown ndi kupha Amalawi oposa 70 obwerera kwawo, ndipo Dr. Kamuzu Banda anaimitsa ulendo wa kumigodi.