Zosangalatsa za ku Japan m'Dera la Tiyi ku Thyolo

Ulimi wa tiyi utakhazikika ku Thyolo kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, maesiteti monga Satemwa, yomwe Maclean Kay anaiyambitsa mu 1923, anasonkhanitsa antchito ochuluka, ambiri mwa iwo Alomwe ochokera ku Mozambique, ndipo akaweruka chisangalalo chawo chinali magule monga tchopa. Mu ulamuliro wa Dr. Hastings Kamuzu Banda dziko linalibe wailesi yakanema, pomwe lamulo la 1968 linkafuna kuti filimu iliyonse iyambe yaunikidwa ndi bungwe la boma isanaonetsedwe.

Za ku Japan zomwe zinayamba kufika m'derali ndi makina, pomwe nthano zake zinatsalira m'mbuyo. Mu 1976 kampani ya JVC inatulutsa VHS, njira yosungira filimu pa tepi ya m'kaseti, ndipo makasetiwa atafala, makamaka kuyambira 1994 pomwe dziko linalowa mu ulamuliro wa zipani zambiri, m'misika monga Bvumbwe ndi Luchenza munabuka mavidiyo sho, zomwe ndi zipinda za mabenchi zolipiritsa pakhomo, momwe kanema amayendera jenereta kapena batire ya galimoto ndipo anthu amadzaza kwambiri antchito akalandira malipiro. Komabe mafilimu omwe ankaonetsedwa pa makina a Sony ndi Panasonic anali a ku Hong Kong, America, kenako Nigeria, moti ngakhale Enter the Ninja ya 1981, yomwe inatchukitsa Sho Kosugi, mbadwa ya ku Japan, inapangidwa ndi kampani ya ku America ya Cannon.

Zinthu zinasintha ndi PlayStation, makina amasewero omwe Sony inatulutsa mu 1994, chifukwa achinyamata anayamba kulipira kuti asewere mpira wapakanema wopangidwa ndi kampani ya Konami. Pambuyo pake anime, mafilimu a zojambula omwe ambiri amachokera m'mabuku a zithunzi otchedwa manga, monga Dragon Ball ya Akira Toriyama ndi Naruto ya Masashi Kishimoto, anafalikira kudzera m'madisiki, mamemori khadi ndi mafoni.

Ngakhale filimu ya anime yotchedwa Demon Slayer: Mugen Train inaposa mafilimu onse padziko popeza ndalama mu 2020, kutchuka kwa zosangalatsazi ku Thyolo sikunadzere m'misika yomwe makampani a ku Tokyo amawerengera, popeza ndalama ya wothyola tiyi imathera m'manja mwa mwini vidiyo sho ndi wokopera mafilimu wapamsika.