Mau a Cinyanja pa Wailesi: Kucokera pa Saucepan Kufika pa Kompyuta

Mau amene timamva pa wailesi sakhala ndendende monga anaturukira m'kamwa mwa muulutsi. Pakati pa mlankhuli ndi womvera pamakhala makina, ndipo mbiri ya makinawo ikhudza umboni umene ife ofufuza za cilankhulo timadalira.

Boma la Northern Rhodesia linayamba kuulutsa mau mu Lusaka m'caka ca 1941, makamaka pofuna kufalitsa nkhani za nkhondo. Nkhondo itatha, Harry Franklin analimbikira kuti pakhale wailesi yotsika mtengo, ndipo mu 1949 kampani ya Ever Ready inaturutsa Saucepan Special, imene inali kugulidwa mapaundi 5. Mwa njira imeneyi Central African Broadcasting Station inafikitsa Cinyanja, pamodzi ndi nyimbo za Alick Nkhata, m'midzi yakutali. Koma mafunde a shortwave amadza ndi phokoso, ndipo kampweya kofooka kamene kasiyanitsa "khola" ndi "kola", kapena "phala" ndi "pala", kamamira msanga m'phokosomo.

Nchito yosalaza mau inapita patsogolo mu 1975, pamene Robert Orban wa ku America anaturutsa Optimod 8000, makina a mawailesi a FM amene anali kukweza mau ofooka ndi kuletsa amphamvu kupyola muyeso. Pambuyo pace nchitoyi inalowa m'mapulogalamu a kompyuta, kotero kuti ndi Audacity, imene inaturuka mu 2000, ngakhale wailesi yaing'ono itha kudula ndi kuyeretsa mau.

Kodi cilankhulo cimapulumuka bwanji m'makinawa? Kulinganiza mphamvu ya mau sikusintha kukwera ndi kutsika kwa liu; cotero "mténgo" wa m'nkhalango ndi "mtengo" wa pamsika amasiyanabe. Ngozi iri kwina. Pulogalamu yocotsa phokoso ikakhwimitsidwa itha kuyesa kampweya kaja phokoso ndi kukafafaniza, ndipo mkonzi wodula mipata yopumira amasokoneza malire a ziganizo, pomwe Cinyanja cimatalikitsa silabulo yotsatizana ndi yomariza.

Cifukwa cace tisanatenge mau a pa wailesi monga citsanzo ca kalankhulidwe, kapena kuwapereka kwa ophunzira, tiyenera kufunsa njira imene anadzera. Tipemphanso osunga matepi akale kuti powasamutsira pa kompyuta asunge kope losayeretsedwa, pakuti cimene katswiri wa makina acotsa monga zinyalala cingakhale umboni umene mdzukulu wathu adzaufuna.