Mbiri ya Buku la Moonfleet ndi Anthu Ozembetsa Katundu

Paliponse pamene maiko awiri acita malire, ndipo cinthu cimodzi cigulidwa pa mtengo wotsika tsidya lino koma wokwera tsidya linalo, sipalephera kupezeka anthu oyenda usiku. Anthu otere sadzera pa cipata ca Boma pamene pakhala akalaliki a msonkho, koma alambalala ndi katundu wao kudzera m'thengo kapena pamadzi. Nchito imeneyi ndiyo ichedwa kuzembetsa katundu. Nkhani zace zikoma kumva, pakuti muli mdima, mantha, kupirikitsana ndi cuma, ndipo cifukwa cace olemba mabuku ambiri azikonda. Mwa mabuku otere a m'Cingerezi, limodzi lochuka kwambiri ndilo Moonfleet, limene linasindikizidwa m'caka ca 1898. Mbiri ya bukuli iri ndi phunziro kwa yense wokonda kuwerenga, cifukwa ionetsa m'mene nkhani isinthira pocoka kwa munthu wina kunka kwa wina, ndiponso cimene citsala cosasinthika.

Kuti nkhaniyi imveke bwino kuyenera kuyamba ndi zimene zinacitikadi. Pakati pa 1700 ndi 1800 dziko la England linamenya nkhondo zambiri, makamaka ndi France, ndipo Boma linasowa ndarama. Cotero linaika msonkho waukuru pa tiyi, fodya, nsaru za silika ndi mowa waukali wochedwa brandy. Msonkho wa tiyi unakwera kufikira kuti tiyi wa mapaundi 100 anali kulipiridwa mapaundi 119 a msonkho. Asodzi a ku gombe la kumwera anaona kuti ulendo umodzi wa usiku upindula koposa masabata ambiri ogwira nsomba. Zombo zinali kutenga katundu ku France ndi ku Holland, nizifika pagombe usiku wopanda mwezi. Amuna a m'mudzi anali kusenza migolo, alimi anali kubwereketsa akavalo, ndipo m'mawa mwace panalibe ndi mmodzi yemwe wobvomera kuti anaona kanthu.

Koma asaganize wina kuti ozembetsawo anali anthu ofatsa. Gulu lina loopsa linali la ku Hawkhurst, m'cigawo ca Kent. Mu October 1747 amuna a gululi ndi anzao anathyola nyumba ya msonkho ku Poole, m'cigawo ca Dorset, natenganso tiyi amene Boma linawalanda. Wosoka nsapato wina dzina lace Daniel Chater anazindikira mmodzi wa iwo. Mu February 1748, pamene Chater anali pa ulendo wokacita umboni pamodzi ndi nkhalamba ina ya nchito ya msonkho, William Galley, ozembetsawo anawagwira onse awiri. Galley anamkwapula kufikira anakomoka, namkwirira m'dzenje. Chater anamsunga womangidwa masiku angapo, ndipo pambuyo pace anamponya m'citsime namgwetsera miyala. Mu 1749 ambiri a iwo anaweruzidwa nanyongedwa.

Cingwe ca wonyonga sicinathetse nchitoyi, ngakhale lamulo la 1746 linaika cilango ca imfa pa ozembetsa onyamula zida. Cimene cinaifoketsa ndico kutsika kwa msonkho. Mu 1784 nduna yaikuru William Pitt inatsitsa msonkho wa tiyi kucokera pa 119 kufika pa 12 ndi theka pa 100 iliyonse, ndipo kuzembetsa tiyi kunalibenso phindu. Mu 1822 Boma linakhazikitsa alonda a pagombe, ndipo pamene misonkho yina yambiri inacepetsedwa m'zaka za m'ma 1840, nchito ya migolo ya usiku inazirala. Anthu a m'Zambia adziwa cinthu cofanana ndi cimeneci. M'zaka za m'ma 1980 Boma linali kulipirako mbali ya mtengo wa ufa kuti anthu a m'matauni agule mosabvuta, ndipo cifukwa ufawo unali wotsika mtengo kuno koma wokwera ku Zaire, matumba ambiri anali kuoloka malire mobisa. Boma litakweza mtengo, kunabuka cipolowe ku migodi mu December 1986 ndi mu Lusaka mu June 1990. Ku England ndi ku Zambia komwe, muzu wa kuzembetsa unali kusiyana kwa mitengo.

Wolemba Moonfleet, John Meade Falkner, anabadwa mu 1858, masiku a ozembetsa atapita kale. Anali mwana wa mbusa, ndipo anakulira ku Dorchester ndi ku Weymouth, m'cigawo comweco ca Dorset. Atatsiriza maphunziro ku Oxford anakhala mphunzitsi wa ana a Andrew Noble, mkuru wa kampani ya Armstrong ku Newcastle, imene inali kupanga mizinga ndi zombo za nkhondo. Pambuyo pace analowa nchito m'kampanimo, nakwera kufikira anakhala wapampando wace mu 1915. Mabuku a nthano amene anasindikiza ndi atatu okha, ndipo anamwalira mu 1932. Mudzi wa m'buku lace anautengera pa mudzi weniweni wochedwa Fleet, pafupi ndi Weymouth, umene uli kuseri kwa mtandadza wautali wa miyala wochedwa Chesil Beach. Mu November 1824 namondwe anakankha nyanja kupyola mtandadzawo, nagumula nyumba ndi mbali yaikuru ya chalichi. Kacipinda kamene kanatsala kasunga zikumbutso za banja la Mohun, ndipo dzina limeneli Falkner analisintha pang'ono kukhala Mohune.

Nkhani ya m'buku iyamba mu 1757. John Trenchard ndi mnyamata wamasiye wa zaka 15 wokhala ndi mlongo wa mai wace. Madzi atasefukira m'mudzi, anthu amva kugogoda pansi pa chalichi, m'manda a banja la Mohune, nayesa kuti ndi mizimu. John alowamo napeza kuti zogundanazo ndi migolo ya mowa imene ozembetsa abisa pakati pa mabokosi a maliro. Apezanso kapepala ka mavesi a Masalmo m'bokosi la msilikali wakale John Mohune, amene mbiri inati anabisa mwala wa diamondi wa Mfumu Charles. Mnyamatayo atsekeredwa m'mandamo, ndipo omturutsa ndiwo ozembetsa omwewo. Mkuru wao, Elzevir Block, mwini nyumba ya alendo, ali pa cisoni cifukwa mwana wace David anaomberedwa ndi woweruza Maskew. Tsono munthu wofedwa mwana atenga mwana wofedwa makolo, namsunga ngati wobala yekha.

Usiku wina asilikali awalalira pagombe. Maskew aphedwa ndi cipolopolo ca asilikaliwo, John alasidwa mwendo, ndipo Elzevir amnyamula kukwera naye kanjira koopsa ka pa phompho. Ali kobisala, John azindikira kuti manambala olakwika a mavesi aja aloza ku citsime ca linga la Carisbrooke. Mwalawo aupezadi, napita nao ku The Hague, kumene wamalonda Aldobrand awanyenga kuti ndi galasi cabe. Pofuna kuulandanso agwidwa, naweruzidwa kukhala m'ndende moyo wao wonse. Patapita zaka 10 awakweza m'combo conka ku Java, koma namondwe aciphwanya pagombe la kwao komwe. Elzevir afika pamtunda, koma poona John alikumira abwereranso m'mafunde, ampulumutsa, iye mwini nafa. Pomariza cuma ca Aldobrand cigwera John, amene akwatira Grace mwana wa Maskew, nagwiritsa cumaco nchito yothandiza osauka ndi amalinyero.

Wowerenga akalinganiza nthanoyi ndi mlandu wa Galley ndi Chater aona msanga cimene Falkner anacita. Anasunga migolo, usiku ndi cinsinsi ca mudzi, koma nkhanza zambiri anazicotsa kwa ozembetsa naziika pa woweruza. Uku ndiko kusintha koyamba kwa nkhaniyi. Komabe sanayamikire cuma copeza mwacinyengo, pakuti diamondi uja anadzetsa tsoka kwa yense womgwira, kufikira mtengo wace unapita kwa aumphawi. Mtima wa buku uli pa Elzevir, amene anacita monga mwa mwambi wakuti mwana wa mnzako ngwako yemwe.

Kusintha kwaciwiri kunadza ndi kanema. Mu 1955 kampani ya Metro-Goldwyn-Mayer ya ku America inaturutsa Moonfleet, woitsogolera ali Fritz Lang, amene anacoka ku Germany masiku a Hitler. Kanemayo anajambulidwa ku California, kutali ndi Dorset. Eni ndarama anafuna munthu wokongola wokopa anthu, cotero anapeka Jeremy Fox, mkuru wa ozembetsa wobvala ngati mfumu ndi wokonda akazi, ndipo Stewart Granger ndiye anasewera mbali imeneyi. Mnyamata anamcepetsa msinkhu namucha John Mohune. Anamsewera Jon Whiteley. Elzevir anasanduka munthu wamba wa m'gulu, ndipo za ndende ya ku Holland anazisiya zonse. Akale anati kandimverere anakanena za m'maluwa. Kanemayo sanabweze ndarama zimene anadya, ngakhale patapita zaka zowerengeka akatswiri a kanema a ku France anamtamanda kwambiri. Koma cozizwitsa ndi ici: ngakhale anasintha maina ndi zocitika, Fox nayenso abwerera kwa mwanayo atamsiya, ndipo alipira ndi moyo wace.

Wailesi ya kanema iri ndi mwai umene kanema wa tsiku limodzi alibe, ndiwo wa kugawa nkhani m'zigawo. Mu 1964 a BBC anaonetsa nkhaniyi m'zigawo 6 pa dzina lakuti Smuggler's Bay, Frazer Hines ali John. Mu 1984 anaipanganso m'zigawo 6, Adam Godley ali John ndi David Daker ali Elzevir. Masewero awiriwa anatsata buku koposa kanema wa ku America, nabwezera Elzevir pa malo ace. Mu 2013 a Sky anaifupikitsa m'zigawo 2 zokha, Ray Winstone ali Elzevir ndi Aneurin Barnard ali John, ndipo anaijambula ku Ireland.

A BBC anaiulutsanso ngati sewero la pa wailesi ya mau okha. Mphamvu ya njira imeneyi siisowa kufotokozera anthu a mu Lusaka, mzinda umene unayamba kuulutsa mau mu 1941, ndi kumene kawailesi kotsika mtengo konga sefuliya kanafala kuyambira 1949 mwa khama la Harry Franklin. Amene anamva Julius Chongo m'pologalamu ya Poceza m'Madzulo akumbukira kuti munthu mmodzi, posintha mau ace okha, anali kudzaza nyumba ndi anthu, nyama ndi mphepo. Momwemonso mnyamata wotsekeredwa m'manda mumdima aopsa koposa pomumva kusiyana ndi pomuona, cifukwa womvera amanga yekha mandawo m'mutu mwace. Nkhaniyi inalowanso m'nyimbo pamene Chris de Burgh anaturutsa cimbale ca Moonfleet and Other Stories mu 2010, ndipo mu 2018 inaseweredwa ndi nyimbo pamaso pa anthu m'nyumba ya masewero ya Salisbury Playhouse. Pa bwalo lotere palibe nyanja kapena phompho, ndipo zonse zitsamira pa anthu awiri aja ndi mau ao.

Tsono wofuna kudziwa za ozembetsa enieni asafunse kwa Falkner kapena kwa Fritz Lang, koma ku mabuku a milandu, kumene adzapeza anthu aumbombo amene anapha mboni, ndi Boma limene linawagonjetsa potsitsa msonkho. Wolemba buku anawayeretsa, wopanga kanema anawabveka zokongola, ndipo wailesi ndi bwalo la masewero zinatenga zimene zinatha kunyamula. Aliyense anataya kanthu panjira monga mwa cosowa cace ndi ca omvera ace. Koma kwa zaka zoposa 120 palibe mmodzi amene analimba mtima kutaya mwana wamasiye ndi munthu womfera. Ici cisonyeza kuti cimene casunga Moonfleet si migolo kapena diamondi ai, koma nkhani yodziwika m'mudzi uliwonse, ya munthu amene analera mwana wosabala iye, nampatsa zonse anali nazo.