Kumbuyo kwa Chithunzi: Mbiri ya Kulemba Malo pa Zithunzi m'Makomboni a Lusaka

Chainda, komboni ya kum'mawa kwa Lusaka pafupi ndi Avondale ndi Chelston, inakula monga makomboni ena ambiri a mzindawu, nyumba zikumangidwa misewu isanapatsidwe maina. Lusaka anakhala likulu mu 1935, koma boma linayamba kuvomereza makomboni otere ndi lamulo la nyumba la 1974, kotero kuti kwa zaka zambiri chithunzi chojambulidwa kumeneko chinalibe keyala yoti ilembedwepo.

M'nthawi ya filimu, wojambula ankayenda khomo ndi khomo kamera ili pakhosi, ndipo filimu ikadzaza ankapita nayo m'tauni kukatsukitsa. Chidindo cha kumbuyo kwa chithunzi chinkatchula situdiyo yomwe chinatsukidwira, osati malo amene chinajambulidwira, motero ntchito yosunga malowo inagwera eni zithunzi. Iwo ankalemba ndi bolopeni dzina la komboni, chaka, ndi chizindikiro chodziwika kwa aliyense wa m'deralo, monga msika, tchalitchi kapena mpope wa madzi, makamaka chithunzicho chikamatumizidwa kwa makolo ku Chipata, Katete kapena Petauke. Kalembedweka sikoyenera kupeputsidwa, pakuti mzere umodzi unkanena malo, nthawi ndi chibale pamodzi. Kufunika kwake kunaonekera poyera pamene zithunzi zambirimbiri zimene eni ake sanazitenge zinapezeka ku Fine Art Studios, imodzi mwa masitudiyo akale a Lusaka, ndipo Sana Ginwalla anazisonkhanitsa pansi pa dzina la Zambia Belonging. Nkhope zikuoneka bwino lomwe, koma ambiri mwa anthuwo sadziwika maina ngakhale kwawo.

Makamera osagwiritsa ntchito filimu anasamutsira zolembazo m'kati mwa chithunzi. Mu 1995 makampani a ku Japan anakhazikitsa Exif, ndondomeko yosungira tsiku, ola ndi mtundu wa kamera m'chithunzi momwemo, ndipo pambuyo pake anawonjezerapo malo. Malowo amachokera ku GPS, masetilaiti a boma la America amene amathandiza chipangizo kudziwa pamene chili ndi manambala awiri, ndipo anthu wamba anayamba kulandira manambala olondola mu May 2000, boma limenelo litasiya kuwasokoneza dala. Lero foni ya ku Chainda ikhoza kusanja zithunzi potsata malo, ngakhale pamene palibe dzina la msewu.

Komabe WhatsApp, imene mabanja ambiri amatumizirana zithunzi, imachotsa manambalawo chithunzi chikatumizidwa mwa nthawi zonse. Izi zimateteza nyumba ya munthu kwa alendo, koma zimasiya wachibale wolandira ndi chithunzi chopanda kwawo. Ngakhale atatsala, manambala sanena kuti pakhomopo panali pa ambuye ake a yani. Mabanja a ku Chainda amene akadali ndi maalubamu akhale pansi ndi achikulire adakali moyo, alembe malo ndi maina kumbuyo kwa chithunzi chilichonse.