Linga

Munthu wa ku Nkhotakota akamati "ndikupita ku Linga" amatanthauza tauni yakale ya m'mbali mwa nyanja, kumene kuli msikiti, msika wa usipa ndi mpunga woyanikidwa pamphasa. Koma poyamba liwuli silinkatanthauza tauni ayi. Linga ndi mpanda wolimba wa mitengo kapena dothi, wozinga mudzi kuti adani asalowe.

Jumbe (mfumu ya dera lino) woyamba, Salim bin Abdallah, Mswahili wochokera kugombe la nyanja yamchere, adakhazikika kuno m'zaka za m'ma 1840. Minyanga ya njovu ndi akapolo zinkasonkhanitsidwa pano, kenako zombo n'kuziwolotsa nyanja ulendo wa ku Kilwa. Chimene chimandipweteka mtima n'chakuti mpanda womwewo udali chitetezo kwa wina koma ndende kwa mnzake. David Livingstone adafika mu 1861 n'kudzionera yekha malonda a akapolowo.

Ku Egypt nakonso, Cairo idayamba mu 969 ngati linga la mafumu achi Fatimid, anthu wamba ali kunja, ku Fustat.

Kwathu kuno mpandawo udatha kalekale, ulamuliro wa ma Jumbe nawo udatha m'ma 1890. Dzina lokha ndilo lidatsala, ndipo wakabaza amangofunsa kuti, "Mukatsikira pati ku Linga, mayi?"