Kamba Wosunga Maina a Mafumu a ku China

Mitundu yambiri ya anthu inampatsa kamba nchito yosenza zolemera. Amwenye a ku India amati mulungu wao Vishnu anasanduka kamba, dzina lace Kurma, nasenza phiri la Mandara pamene milungu inalikutakasa nyanja. A Iroquois a ku North America amati dziko linayamba ndi dothi loikidwa pamsana pa kamba wa m'madzi. Koma amene anamlemekeza koposa ndi anthu a ku China.

Nthano yao ina imati mizati ya thambo itathyoka, mulungu wamkazi Nüwa anadula miyendo inai ya kamba wamkulu nacirikiza nayo thambolo. Ankatinso cigoba ca pamsana ncovindikira monga thambo, ndipo ca pamimba ncathyathyathya monga dziko. Tsono nyama yosenza zonse ziwirizi, yokhalanso moyo zaka zambiri, siingalephere kudziwa zam'tsogolo.

Ulemu umenewu unaphetsa akamba osawerengeka. Mafumu a banja la Shang, amene mudzi wao waukulu unali pafupi ndi Anyang, ankaombeza maula ao pa zigoba za akamba ndi pa mafupa a pa phewa a ng'ombe. Woombeza ankatenga cigoba ca pamimba, nacipala, nakumba timaenje kuseri kwace. Atachula funso, ankakanikiza cinthu cotentha m'kadzenje kufikira cigoba citang'aluka, ndipo mfumu inkawerenga yankho la mizimu pa mng'aluwo. Cimene cinawasiyanitsa ndi oombeza a maiko ena ndi ici: funsolo ankalizokota pa cigoba pomwepo, nthawi zina pamodzi ndi zimene zinacitika pambuyo pace.

Mafunso ambiri ndi a mfumu Wu Ding, imene inalamulira ca m'ma 1200 B.C. Kodi mvula idza? Kodi mapira aca bwino? Dzino likuwawali, ndi kholo liti lakwiya? Cigoba cina cifunsa za pakati pa mkazi wace Fu Hao. Mfumu inachula masiku amene akacira pa iwo kudzakhala mwai. Wozokota anawonjeza kuti patapita masiku 31 maiyo anacira, koma sipanali mwai, pakuti anabala mwana wamkazi. Ciweruzo cosalungama ndithu, popeza Fu Hao yemweyo, mkazi, ankatsogolera asilikali ku nkhondo. Manda ace anapezeka mu 1976, muli nkhwangwa za mkuwa.

Ufumu wa Shang utagwa, zigobazo zinaiwalika m'nthaka zaka pafupifupi 3,000. Alimi a m'mudzi wa Xiaotun pozifukula ndi makasu ankazigulitsa kwa asing'anga, amene ankazipera kukhala mankhwala. Zolemba zimene odwala anamwera m'madzi sizidzawerengedwanso. Mu 1899 mkulu wina wa maphunziro ku Beijing, Wang Yirong, anazindikira kuti zokandakanda za pa mafupawo ndi malemba akale a Cichaina. Iye anafa caka cotsatira, ndipo zimene anasonkhanitsa zinapita kwa Liu E, amene anazisindikiza m'buku mu 1903.

Apa mpamene kamba anaweruza mlandu waukulu. Wolemba mbiri Sima Qian, amene anakhala ndi moyo zaka pafupifupi 1,000 Shang atatha, anasiya mndandanda wa mafumu a banjalo, koma panalibe umboni wocokera m'masiku a mafumuwo. Mu 1917 Wang Guowei anayerekeza maina a pa zigoba ndi mndandandawo, napeza kuti akugwirizana kwambiri. Pena zigoba zinakonza pamene Sima Qian anasokoneza. Kukumba kwa akatswiri kunayamba ku Anyang mu 1928. Mu 1936 anapeza dzenje limodzi muli zidutswa zolembedwa zoposa 17,000, pafupifupi zonse za akamba, ndipo poopa kuziswa anazula cibuma conse, naciika m'bokosi, napita naco ku Nanjing kuti akazicotse m'dothi cimodzicimodzi.